Mabilinganya oika minsi ndi mpunga mkati anatuluka olimba, ndinalakwitsa pati?

Funso: Ndinaona chithunzi pa Facebook cha mabilinganya odula pakati ataikamo minsi (nyama yogaya) ndi mpunga, ndiye ndinati ndiyesere Loweruka madzulo. Ndinawakumba mkati, ndinasakaniza minsi yaiwisi ndi mpunga wosaphika n'kuika mu uvuni mphindi 30. Potuluka anali olimba ngati chikopa, mpunga ukumveka m'mano, pansi pa thireyi madzi okhaokha, komanso amawawa pang'ono. Bambo a kunyumba anangoti ndiwaphikire nsima. Ndinalakwitsa pati? Komanso kwathu kuno magetsi amathimathima, kodi zingatheke pa mbaula? Ndine mayi wa ana atatu, ku Lilongwe.

Yankho: Amayi, pepani kaye chifukwa cha minsi yomwe inapita pachabe ija, ndi mmene nyama yakwerera mtengo masiku ano zimawawa ndithu. Koma sikuti simudziwa kuphika ayi, chithunzi chija sichinakuuzeni zomwe zinachitika kukhitchini asanachijambule basi.

Nkhani yagona apa. Munaika zinthu zitatu zaziwisi pamalo amodzi n'kumadikira kuti zipse nthawi imodzi, pomwe chilichonse chimapsa mwa njira yakeyake. Bilinganya limafuna moto wamphamvu ndi timafuta kuti lifewe. Minsi imafuna chiwaya chotentha kuti ifiire n'kutulutsa fungo. Mpunga umafuna madzi ndi chivindikiro, mukudziwa kale inu zimenezo, palibe amaphika mpunga pa thireyi yapululu. Ndiye mu uvuni muja mpunga wapamwamba unalibe madzi oti umwe, unangouma, pomwe bilinganya ndi minsi zimatulutsa madzi awo n'kumatsikira pansi. Bilinganya palokha ndi madzi pafupifupi 92 pa 100 alionse, nde madzi munawaona pa thireyi aja sanachokere kwina ayi. Chofunika n'chakuti chilichonse chiyambe chapsa pachokha, kapena chatsala pang'ono kupsa, kenaka muzikumanitse kumapeto kuti zingolowererana. Mphindi 30 zanu zija zinali zokwanira pa gawo lomalizali lokha.

Chakudyachi si chakuno, ngakhale mabilinganya timalima ku madimba. Mbewuyi inachokera ku Asia, mbali za India uko, ndipo dzina lomwe timatchulali linayenda ulendo ndi amalonda, Aluya amati badhinjan, Aswahili biringani, Apwitikizi beringela. Eni ake a kuika zinthu mkati mwa bilinganya ndi anthu a ku Turkey, Greece, Lebanon, Syria ndi maiko oyandikana nawo. Ku Turkey kuli karnıyarık, tanthauzo lake mimba yong'amba, amakazinga kaye bilinganya lathunthu, kuling'amba pamimba n'kuikamo minsi yokazinga ndi anyezi ndi tomato, mpunga amadyera pambali. Ku Greece amati papoutsakia, tinsapato, poti zikapsa zimaoneka ngati tinsapato, ndipo pamwamba amathira msuzi woyera wa mkaka ndi chizi. Ku Lebanon ndi ku Syria ndi kumene amaikadi mpunga wosaphika ndi minsi yaiwisi mkati, koma taonani, amaika m'timabilinganya tating'ono tosadula pakati n'kutimiza mu msuzi wa tomato mu poto wovindikira pafupifupi ola lathunthu. Inu munatenga zoika mkati za njira ya mu poto n'kuziphika mwa njira ya mu uvuni. Zonse ziwiri ndikufotokozerani, poti ya mu potoyo ndi imene ingakupulumutseni tsiku la mdima.

Tiyambire ku msika, chifukwa kuwawa kuja nthawi zambiri kumagulidwa, sikuphikidwa. Bilinganya labwino limanyezimira, khungu lake ndi losalala lopanda makwinya, kachipewa kake ka kuphesi kamakhala kobiriwira osati kouma kabulauni, ndipo mukalinyamula limalemera kuposa mmene likuonekera. Lisindikizeni ndi chala, pakabwerera pompo ndi labwino, pakatsala kachibowo ndiye kuti lagonera masiku. Musathamangire zikuluzikulu zija amakonda kuika pamwamba pa mulu, zambiri zinakhwimitsa pa mtengo, mkati njere zabulauni zokhazokha, ndipo njere zokhwimazo ndi zimene zimabweretsa kuwawa. Tengani apakatikati, lililonse magalamu 300 kapena kuposera pang'ono. Ena adzakuuzani kuti muziyang'ana kunsi kuti muone ngati ndi lalimuna kapena lalikazi eti lalimuna lili ndi njere zochepa, zimenezo ndi nkhambakamwa chabe, chipatso chilibe chachimuna kapena chachikazi. Ndipo mukagula musasunge sabata, masiku awiri atatu basi.

Kwa banja ngati lanu, anthu asanu, ine ndimatenga mabilinganya atatu, podula pakati amakhala magawo 6. Minsi theka la kilo, mpunga wosaphika theka la kapu, anyezi wamkulu mmodzi, adyo tizidutswa tinayi, tomato wakupsa bwino anayi, tomato pesiti supuni yaikulu imodzi, girinipepa mmodzi ngati alipo, mafuta ophikira, mchere, ndi zonunkhiritsa zomwe nditchule kutsogoloku. Theka la kapu likuoneka lochepa eti, koma mpunga ukapsa umachuluka pafupifupi katatu, ndipo mukauchulukitsa chakudya chimasanduka mpunga wa minsi wongoikidwa m'chikombe cha bilinganya.

Dulani bilinganya lililonse m'litali, kuyambira kuphesi mpaka kunsi, phesilo musalichotse chifukwa limagwira kuti chikombe chisaphwasuke. Apa pali njira ziwiri ndipo ine ndili ndi mbali yanga. Ambiri amakumba lili laliwisi, zimatheka koma zimavuta, supuni imaterereka ndipo mwina mubowola khungu mwina musiya khoma lokhuthala kwambiri lomwe silipsa, ngati zinakuchitikirani zija. Ine sindikumba kaye. Ndimatenga mpeni n'kucheka mnofu mizere yopingasana ngati tima bokosi, mozama ndithu koma osafika pa khungu, kenaka ndimawaza mchere, theka la supuni yaing'ono pa magawo awiri alionse, n'kuwagadabuza kuti mbali yodulayo iyang'ane pansi pa sefa kapena pa thireyi yopendekeka kwa mphindi 20 mpaka 30. Mudzaona akutuluka thukuta, timadzi tabulauni. Pukutani ndi kansalu koyera, osatsuka pa mpopi ayi mungobwezeramo madzi omwe mwavutikira kutulutsa.

Mchere umenewu anthu amati ndi wochotsa kuwawa, inde umathandizako, koma ntchito yake yaikulu ndi ina. Mnofu wa bilinganya uli ngati siponji, mkati muli timipata ta mpweya tambirimbiri, n'chifukwa chake mukaliponya m'mafuta limamwa onse mpaka chiwaya gwa, muthirenso limwanso. Mchere umakoka madzi n'kufwetsa timipatato, ndiye silimwa mafuta ambiri, limafewa msanga, komanso limakhala ndi mchere mpaka mkati osati pamwamba pokha. Mukakhala pa changu mutha kudumpha kudikiraku ngati mabilinganya ndi anthete, koma mchere wokha muwaze ndithu.

Mukapukuta pakani mafuta mbali yodulayo, pafupifupi supuni yaikulu imodzi pa gawo lililonse, musaumire apa, bilinganya lopanda mafuta limatuluka ngati katoni. Ikani pa thireyi mbali yodulayo ili pansi, uvuni utenthe kale pa 200°C, osati kuyatsa pamene mukuikamo. Mphindi 25 mpaka 30. Musakhulupirire wotchi yokha poti mauvuni athuwa amanama, tengani foloko mubaye pafupi ndi phesi pomwe pamachedwa kupsa, ikalowa mosavuta ngati mu mbatata yakupsa ndiye kuti zatheka, ikamakana bwezeranimo mphindi zina 10. Mukatembenuza mbali ija iyenera kukhala yofiirira. Asiyeni azizireko pang'ono, kenaka ndi supuni kombani mnofu wapakati, pano ungochoka wokha, musiye khoma lokhuthala ngati chala chaching'ono, sentimita imodzi. Mnofu mwachotsawo musataye ndi ndiwo imeneyo, uduleni tizidutswa udikire minsi. Ine tsiku langa loyamba ndinakomba mpaka khungu kuoneka kuwala, pofuna kuti mulowe nyama yambiri, potumiza ku tebulo zonse zinangoti phwasu pa supuni, alendo anadya ngati phala la minsi. Anayamikira, koma ulemu chabe.

Pamene mabilinganya ali mu uvuni musakhale pansi, ino ndi nthawi ya mpunga ndi minsi. Mpunga tsukani, wiritsani m'madzi ambiri a mchere mphindi 8 mpaka 10 basi, n'kukhetsa madzi. Ukhale woti mukaluma kambewu kamodzi kunja kwafewa koma pakati pakumveka kakulimba pang'ono, udzamalizika ndi msuzi wa tomato mkati muja. Kilombero wathu wa ku Karonga amachita bwino kwambiri apa chifukwa cha fungo lake lija, koma samalani amafewa msanga, mukamuphika mpaka kupseratu adzasanduka phala akalowanso pa moto kachiwiri. Ngati muli ndi mpunga wa dzulo womwe unagona mu firiji, kapu imodzi ndi theka, ndi wabwinonso, mwina kuposa watsopano poti mbewu zake sizimatana. Koma wa mu firiji, osati umene unagona mu poto pa mbaula usiku wonse kunja kukutentha.

Mpunga si wokhawo womwe mungaike mkati. Maresipi ambiri a ku Turkey ndi ku Lebanon mudzaona alemba bulgur, ameneyu ndi tirigu amene anamuwiritsa kale, kumuumitsa n'kumuphwanya, ndiye sachedwa, wosalala uja mumangomuviika m'madzi otentha mphindi 10 mpaka 15, wokhakhala mumamuwiritsa pafupifupi mphindi 12. Amapezeka apo ndi apo m'masupamaketi akuluakulu koma mtengo wake ndi wosaseketsa, sindingakuuzeni kuti mukwere minibasi kukamusaka. Chomwe ine ndimakonda, ndipo anthu amadabwa, ndi mapira. Mapira oyera okonola bwino, kuwaviika usiku wonse, kuwiritsa mpaka atafewa, zimatenga mphindi 50 kapena ola, pena kuposa. Amenewa aphikeni mpaka apseretu chifukwa sangamalizike mkati mwa bilinganya ayi. Amatafunika bwino, saphwanyika, ndipo amakhalitsa m'mimba, bambo aja sangafunse nsima msanga. Ofiira aja ena amakhala ndi kakhambi, asiyireni thobwa. Mawere nawo ayi, ndi ang'onoang'ono kwambiri amangomveka ngati mchenga.

Tsopano minsi, apa ndi pamene pali kukoma konse ndipo ndi pamene ambiri amachita phuma. Pogula, ngati n'kotheka sankhani nyama nokha ku butchala akugayireni mukuona, ikhale ndi timafuta pang'ono, yopanda mafuta konse imauma ngati utuchi. Ya ng'ombe ili bho, ya mbuzi imakomanso, kwa eni ake uko amakonda ya nkhosa. Kulibe chogayira? Bolodi ndi mpeni wakuthwa, dulanidulani mpaka itakhala tinyenyeswa, imakoma kuposa ya makina kungoti mkono umatopa. Ikani chiwaya chachikulu pa moto chitenthe kwenikweni, mafuta supuni imodzi, ponyani minsi n'kuiyala, kenaka isiyeni. Musatakase. Ndikudziwa dzanja limayabwa, koma mphindi zitatu zinayi zoyambazo isiyeni igwire pansi mpaka ifiire ngati kanyenya, mukatero muphwanye ndi mthiko n'kutembenuza. Mukaithira pa chiwaya chozizira kapena chaching'ono n'kumavundula nthawi yomweyo imatulutsa madzi n'kuyamba kuwira, imatuwa, ndipo fungo lake limakhala la nyama yowiritsa ya kuchipatala. Chiwaya chikachepa kazingani kawiri, theka theka. Madzi akatuluka musawataye, onjezerani moto aphwere okha mpaka mumve mafuta akulira.

Ikafiira ikankhireni pambali, thirani anyezi wodula bwino ndi girinipepa, mchere pang'ono, zifewe mphindi zisanu. Kenaka adyo, ndi zonunkhiritsa, supuni yaing'ono imodzi ya cumin, imodzi ya paprika, ndi sinamoni theka la supuni yaing'ono. Ee sinamoni yemweyo wa m'makeke, ku Lebanon ndi ku Greece amathira mu nyama ndipo ndi amene amapangitsa kuti chakudyachi chisamveke ngati minsi ya masiku onse ija ya spaghetti, koma osapyola muyezo, akachuluka zimanunkha ngati bani. Mulibe zimenezi, curry wamba supuni imodzi ndi jinja pang'ono zimagwira ntchito, kungoti kakomedwe kapita mbali ina. Kambuzi kamodzi kodula ngati ana amapirira, apo ayi aliyense adzithirira yekha. Zonunkhiritsazi zikazingike m'mafuta kwa mphindi imodzi, muike tomato pesiti nayenso akazingike mpaka ade pang'ono, ndiye muthire tomato awiri odula ndi mnofu wa bilinganya uja. Zibwate pa moto wapakati mphindi 8 mpaka 10.

Mudziwa bwanji kuti zakwana? Kokani mthiko pakati pa chiwaya, pakatsala kanjira koonekera pansi komwe kakutsekeka pang'onopang'ono ndiye bwino, madzi akathamangira kutseka pompo dikiranibe. Zikhale zonyowa koma zosayenderera. Phulani, thiranimo mpunga uja, masamba a parsley kapena coriander uja ena amati dhania ngati muli nawo, finyiranimo kandimu pang'ono, ndipo lawani. Lawani ndithu amayi, ubwino wophika kaye minsi ndi umenewu, yaiwisi ija simukanatha kulawa. Mchere umveke kupyola pang'ono mmene mumafunira chifukwa bilinganya ndi mpunga zidzaubweza.

Tomato awiri otsala aja agayeni pa gireta, sakanizani ndi theka la kapu ya madzi, mchere, supuni ya mafuta, ndi kashuga kunsonga ya supuni ngati tomato ndi wowawasa. Thirani msuzi umenewu pansi pa mbale ya mu uvuni, yalani zikombe zija mothithikana kuti zizigwirana, dzazani minsi mpaka kutumphuka, apa palibe vuto poti mpunga unafufuma kale. Osatsindira kwambiri ngati mukuumba njerwa. Supuni imodzi ya msuzi pamwamba pa chilichonse, vindikirani ndi foyilo, 190°C kwa mphindi 20, nthunzi imeneyo ndi imene imalize mpunga, kenaka chotsani foyilo mphindi zina 10 kuti pamwamba pafiire. Chizi ngati mukufuna muwaze pochotsa foyilo, ana amakonda, ine ndimaona kuti amaphimba kukoma kwa bilinganya koma imeneyo ndi nkhani ya pakamwa pa munthu. Zikatuluka zipume mphindi 10 musanagawe, zotentha kwambiri zimaphwasuka ndipo kukoma sikumveka.

Pa za chitetezo ndinenepo kamodzi. Minsi si steki. Pa nthuli ya nyama tizilombo timakhala kunja ndipo moto umatipha msanga, koma pogaya timasakanikirana mpaka mkati, ndiye minsi iyenera kupsa yonse, pasatsale pofiira ngati magazi. Amene ali ndi choyezera kutentha, ya ng'ombe, mbuzi kapena nkhumba ifike 71°C, ya nkhuku 74°C. Mukatsata njira ndafotokozayi mulibe nkhawa poti yapsa kawiri. Ndipo minsi mukagula iphikeni tsiku lomwelo kapena mawa lake ngati firiji ikugwira, magetsi akathima tsiku lonse musaisunge poyembekezera Loweruka.

Za mbaula tsopano. Zimatheka, ndipo kunena zoona ena amakonda za pa makala kuposa za mu uvuni chifukwa cha kafungo ka utsi. Zikombe zija m'malo mwa uvuni muzipsetsa pa chiwaya, mafuta supuni ziwiri, mbali yodula pansi, vindikirani, moto wapakati mphindi 6 mpaka 8 kufikira zitafiira, tembenuzani, thirani madzi supuni zitatu n'kuvindikiranso mphindi zina zisanu kuti nthunzi ifewetse msana. Yesani ndi foloko monga ndanenera. Minsi ndi mpunga chimodzimodzi palibe kusintha. Pomaliza tengani poto wotakata wa pansi pokhuthala, msuzi pansi, zikombe zodzaza pamwamba, ndiye muphike monga muphikira chigumu, makala ochepa pansi, ambiri pa chivindikiro. Pansi pakhale makala owerengeka okutidwa phulusa, apo ayi tomato apserera mabilinganya asanatenthe n'komwe. Mphindi 25 zimakwana, pakati suzumiranimo kamodzi, chotsani chivindikiro mosamala phulusa lisagwere mkati, msuzi ukauma onjezerani timadzi totentha cham'mbali osati pamwamba pa minsi.

Koma tsiku loti mwatopa, kapena mwapeza timabilinganya tating'ono totalika ngati chikhato pamsika, yesani ya mu poto ya ku Lebanon ija, poti imeneyo sifuna uvuni n'komwe ndipo ndi yokhayo imene mpunga wosaphika umaloledwa. Dulani kumutu kokha, kanikizani bilinganya pa tebulo n'kumaligubuduza ndi chikhato kuti mkati mufewe, kenaka kumbani ndi kampeni kowonda kapena chogwirira cha supuni yaing'ono, mozungulira pang'onopang'ono, kusiya khoma la theka la sentimita. Ntchito yake ndi imeneyi, imafuna kukhala pa mkeka ndi wailesi pambali, oyamba awiri mubowola ndithu musadandaule. Mukakumba ponyani m'madzi a mchere kuti asade mkati. Mpunga kapu imodzi muuviike mphindi 30 n'kukhetsa, sakanizani ndi minsi yaiwisi magalamu 250, mchere, sinamoni, tsabola wakuda, supuni ziwiri za mafuta ndi supuni ya tomato pesiti. Zimenezi zikwana timabilinganya 12 kapena kuposa malinga ndi kukula kwake.

Podzaza apa ndiye lamulo ndi losiyana ndi la mu uvuni lija, musadzaze. Magawo atatu mwa anayi basi, ndipo momasuka, mukagwedeza zizimveka kuti muli mpata, chifukwa mpunga ukamamwa msuzi ufufuma, ukasowa kopita ung'amba bilinganya kapena ukhala wolimba pakati ngati mwala. Pansi pa poto yalani tomato wodula mozungulira kapena mbatatesi zopyapyala kuti zisagwire, sanjani mabilinganya mothina, kukamwa kutayang'ana m'mwamba pang'ono, thirani msuzi wa tomato wamadzimadzi wokhala ndi mchere, adyo ndi mandimu mpaka utangowamiza, ikani mbale yadothi kapena yagalasi yolimba chozondoka pamwamba kuti iwapanikize asayandame, vindikirani. Ukabwata chepetsani makala, zizingoti phwaphwa pang'onopang'ono kwa mphindi 50 mpaka ola. Tulutsani limodzi mulidule muone mpunga, musangoganizira. Zikapsa phulani zikhale mphindi 15 mu poto momwemo. Mnofu munakumba uja mukazinge mawa ndi mazira ndi anyezi, ndi ndiwo ya kadzutsa. Achibale a ku Zambia amene ali ndi impwa zoyera zija, zimalowanso mu njira imeneyi ngati mwapeza zazikuluko, kungoti zili ndi kakuwawa kake kachibadwa komwe mchere suchotsa.

Mwezi ukafika pakati minsi theka la kilo imakhala maloto, ndiye chitani chonchi, minsi magalamu 250 ndi soya pieces paketi imodzi, ziviikeni m'madzi otentha, finyani kwambiri, dulanidulani mpaka zifanane ndi minsi, ndipo muzikazinge limodzi ndi nyamayo kuti zimwe mafuta ake. Kamchere ka mu paketi kaja thirani theka lokha kapena kasiyeni, kali ndi fungo lake lomwe limalimbana ndi sinamoni. Nyemba zophika kale zophwanya pang'ono zimalowanso bwino. Ndaphikirapo anthu chonchi palibe anazindikira, kupatula mwana wanga wamkazi amene anandiona ndikufinya.

Za bambo ndi nsima zija, musalimbane nazo. Chakudyachi mwa icho chokha n'chokwanira, muli ndiwo, nyama ndi mpunga, koma munthu amene anakula ndi nsima akaona kachikombe kamodzi pa mbale amaona ngati mwamupatsa chotsegulira m'mimba. Apatseni magawo awiri, pambali muike mbatatesi zokazinga kapena mpunga wina woyera woti anyowetse ndi msuzi wa pansi uja, saladi ya kabichi kapena nkhaka ndi tomato, ndi yogati wopanda shuga kapena chambiko chosakaniza ndi adyo wosinja pang'ono ndi mchere. Ku Turkey amadyera yogati chomwechi, kuwawasa kwake kumadula mafuta. Ndipo akafunabe nsima, chepetsani mpunga mkati muwonjezere msuzi, mabilinganyawo asanduke ndiwo, zimayenda bwinobwino ndi nsima, ndinayesapo.

Zotsala musazisiye pa tebulo mpaka m'mawa. Mpunga wophika ukakhala nthawi yaitali pofunda mumaswana bakiteriya wotchedwa Bacillus cereus, ndipo poizoni amene amatulutsa satha ngakhale mutenthetsenso, nde zikangozizira, pasanathe maola awiri, zilowe mu firiji ndipo mudye mawa lake. Potenthetsa ikani mu poto ndi madzi supuni ziwiri zitatu, vindikirani, moto wochepa mpaka nthunzi ituluke pakati penipeni osati m'mbali mokha. Ngati firiji palibe kapena magetsi apita, phikani zokwana kudya usiku womwewo, mabilinganya awiri m'malo mwa atatu, minsi yotsalayo muikazinge ndi anyezi, ana adyere buledi.